Mkamwini Wokoka Tcheni

Fungo la mafuta a nsatsi likandipeza, kaya ndi pamsika kaya m'minibasi, ndimaona agogo anga aamuna atakhala pakhonde m'mawa wa mwezi wa Juni, chifunga chitaphimba phiri la Mphunzi mpaka m'munsi, iwo atawerama pa jombo zawo zakale, akuzipaka mafutawo ndi kansanza pang'onopang'ono ngati akusambitsa khanda. Utsi wa nkhuni za paini unkatuluka m'khitchini mwa agogo aakazi n'kumakwawa pansi chifukwa cha kuzizira, nkhunda zikulira patsindwi, amayi akuyala nyemba pamkeka kuti dzuwa likatuluka ziume, koma iwo mutu sankadzutsa. Jombozo anali atasiya kuzivala kalekale. Kudimba ankapita opanda nsapato, kutchalitchi ankavala nkhwayira za matayala. Komabe Loweruka lililonse ankazitulutsa n'kuzipaka.

Dzina lawo linali a Gelevazio, koma mudzi wonse unkawatchula kuti a Tcheni. Ali mnyamata analembedwa ntchito ndi anthu oyeza malo, aja ankayenda dziko lonse kujambula mapu. Ntchito yawo inali kukoka tcheni choyezera mtunda, kusenza simenti, mchenga ndi madzi kukwera nazo pamwamba pa mapiri, ndi kumanga zipilala zomwe oyeza malowo ankaimikapo makina awo. Anayamba nthawi ya azungu, anasiya mawondo atayamba kukana. Kwathu anali mkamwini, anangotsatira agogo aakazi, aNangozo. Kwawo kwenikweni kunali kumunsi kwa mapiri, kuchigwa chotentha cha ku Golomoti, kumene anachokako asanamere ndevu, ndipo anabwererako kamodzi kokha, pamaliro a mayi awo.

Sanali munthu wokoma kukhala naye. Nthabwala za anthu sankaseka, pamowa sankakhalitsa, ndipo ana akamasewera pafupi ndi khonde lawo ankangoti, "Choka!" osayang'ana n'komwe kuti ndi mwana wa yani. Munthu akawauza kuti kwakuti n'pafupi pomwepa, iwo ankafunsa kuti, "Pafupi n'kutalika bwanji?" Anthu zimenezo sankazikonda. Ine ndinkawaopa, komabe ndinkangowazungulira ngati nkhuku pamtondo, chifukwa mwa adzukulu onse ndine ndekha amene ankandiitana ndi dzina. Ankati Velonika, lonse lathunthu, pamene ena onse ankangoti Velo.

Tsiku lina m'mwezi wa Meyi, ndili Sitandade 6, mvula itasiya, kumwamba kuli mbee, ndinawapeza atavala jombo zija. Aka kanali koyamba kuwaona atazivala.

"Tunga madzi m'botolo," anatero. "Tikukwera."

Tinatenga kanjira ka ng'ombe kolowera kuphiri lalitali la kuseri kwa mudzi wathu. Tinadutsa minda ya chimanga chouma chomwe chinkachita phokoso ndi mphepo, tinadutsa phanga lija lili ndi zojambula zofiira za anthu akale, kenako njira inatha n'kutsala miyala ikuluikulu ndi udzu wonyowa ndi mame. Agogo ankayenda osapupuluma, masitepe ofanana, akupuma mwamphamvu ngati mvukuto, ndipo ine ndikathamanga kutsogolo n'kukhala pamwala kuwadikira, iwo ankangondipitirira. Pofika pamwamba ndine amene ndinali m'mbuyo.

Ndinawapeza ataima chilili. Patsogolo pawo panali mulu wa zibenthu za simenti ndi dzenje lofika m'chiuno. Chipilala chomwe ankafuna kundionetsa anthu anali atachiswa. Panali mphekesera masiku amenewo zoti azungu ankabisa chuma pansi pa zipilalazo, ndiye anyamata ankakwera ndi nyundo ndi makasu.

Agogo anatola chibenthu chimodzi, n'kuchitembenuza m'manja.

"Mudalibe kanthu umu," anatero. "Simenti, mchenga ndi madzi. Madziwo ndidasenza ndine, maulendo asanu ndi awiri, kuchokera kumtsinje uko."

Anakhala pansi kwa nthawi yaitali, mphepo ikuomba malaya awo. Ndinkayesa titsika. Koma anandiitana kuti ndiime pambali pawo, anandigwira mutu ndi dzanja lawo lokhakhala n'kuyamba kunditembenuza ngati akutsegula botolo.

"Kum'mawa uko, lalitali lili ndi mitengo ya paini, ndi Dedza. Pita kumanzere. Lalitali m'mbali, lamsana ngati ng'ombe yogona, ndi Chongoni. Pitirira. Lija likuoneka buluu, losongoka, ndi Nkhoma. Kamwala kali kokha pachidikha uko ndi Bunda. Tembenuka. Mzere wakuda uko kolowera dzuwa ndi Dzalanyama, silitha msanga limenelo, tidayendamo milungu. Ndipo ili la kummwera ndi Domwe. Likuoneka ngati lathu koma lili ku Mozambiki."

Anandiuza kuti ndibwereze. Ndinasokoneza Nkhoma ndi Bunda, iwo n'kundikhoma pamutu ndi chala. Ndinabwerezanso mpaka ndinakhoza. Kenako anayamba kunena za mapiri omwe maso sakanatha kufika, ndipo mawu awo anasintha. Anayamba kuyankhula mofulumira, manja akuumba mumlengalenga. Anati Mulanje si phiri limodzi koma dziko lokhala pamwamba pa dziko lina, lokhala ndi mitsinje yake ndi madambo ake, ndipo nkhuni za mkungudza zomwe ankasonkha kumeneko zinkanunkhira m'zovala mpaka mwezi wathunthu. Anati anzawo ena atafika m'munsi mwa Sapitwa anatula katundu n'kukana kupitirira, ponena kuti kumeneko n'kwa mizimu. Anati Zomba pamwamba pake n'pathyathyathya ngati tebulo, ndipo ukaima m'mphepete umaona akabawi akuuluka pansi pako. Anati Hora wa ku Mzimba waima yekhayekha pachidikha, wadazi, ngati munthu amene abale ake anamuthawa. Ku Nyika, anati, ndi udzu wokhawokha, zitunda pamwamba pa zitunda, mbidzi zikudya ngati abulu a munthu, ndipo m'mawa ankapeza madzi atauma gwa m'chidebe. Ku Misuku, kumapeto kwenikweni kwa dziko, anthu amalima nthochi ndi khofi pamalo otsetsereka oti mbuzi ingaope, ndipo kuchokera kumeneko anaona phiri lina patali, ku Tanzania, lomwe bwana wawo anati kalekale linkasanza moto.

"Moto weniweni, agogo?"

"Adatero. Ine sindidauone. Ndidangoona phiri."

"Nanga lokongola kuposa onse ndi liti?"

Anandiyang'ana ngati ndawatukwana. "Ukamalisenzera simenti, phiri silikongola. Imwa madzi tizipita."

Chaka chomwecho, chakumapeto, aphunzitsi athu anatiuza kuti aliyense aumbe mapu a Malawi ndi dongo, aikepo nyanja, mitsinje ikuluikulu ndi mapiri. Ine ndinaumba anga pachithabwa chakale cha chitseko, kuseri kwa nyumba ya agogo. Mapiri onse ndinawaumba mofanana, osongoka ngati zulu. Agogo anabwera kuchokera kudimba, khasu lili paphewa, anaima n'kuyang'ana. Kenako anakweza phazi n'kuponda Zomba ndi chidendene.

"Zomba wosongoka udamuona kuti? Ndidakuuza chiyani paphiri paja?"

Ndinalira kwambiri. Iwo sanandipepese. Anandituma kudambo kukatapa dongo lina, ndipo masana atatu otsatizana tinakhala pathabwa lija, iwo atagwada ndi mawondo awo owawa, akundiuza poti ndikweze, poti ndiphwatalale, poti ndisiye mpata. Anandionetsa kuti Michesi amakhala pambali pa Mulanje, pakati pawo pali njira. Anandiikitsa Chiradzulu, Ndirande, Soche ndi Michiru, kenako Chirobwe wa ku Ntcheu, Ntchisi ndi nkhalango yake yomwe tinaiimika ndi timasamba ta mkungudza wa kutchalitchi, ndi msana wautali wa Viphya. Zala zawo zinali zodziwa. Tsiku lachitatu ndinawamva akung'ung'udza nyimbo, chinthu chomwe ndinali ndisanamvepo.

Nthawi imeneyo amayi anadutsa kuchokera kuchitsime, ndowa ili pamutu. Amayi anga, a Anasitaziya, anali mwana woyamba wa agogo. Ndi bambo awo ankangopatsana moni ndi chakudya, nkhani ayi. Koma tsiku limenelo agogo anali okondwa, ndipo anawaitana.

"Anasi, tabwera udzaone. Mwana wako waumba Nyika."

Amayi anatula ndowa. Anapukuta manja kuchitenje, anayandikira, n'kuyang'ana thabwa lija kwa nthawi ndithu.

"Nyika ndi iti, bambo?"

Agogo analoza ndi chala chamatope.

"Ndiye ndi pamenepa pomwe munali Petulo akumwalira."

Ine dzina la Petulo ndinali ndisanalimvepo. Ndinayang'ana agogo. Dzanja lawo linali likadali m'mwamba.

"Nanga chaka chija tinkadya gaga," anapitiriza amayi, mawu ali pansipansi, "amayi akukapalira m'munda mwa amalume kuti atipatse kambale ka ufa, munali pati? Lozani."

Munthu wina akanakhala chete, kapena akanakalipa. Koma agogo anali munthu woti ukawafunsa malo amayankha.

"Ku Misuku," anatero, n'kuloza.

"Tsiku la ukwati wanga?"

"Ku Mulanje. Mvula idatitsekera."

Amayi anagwedeza mutu ngati munthu amene wapeza zomwe amayembekeza. Anatembenukira kwa ine.

"Velo, zimenezonso uikepo. Ukawauze aphunzitsi ako."

Anasenza ndowa yawo n'kumapita, madzi osatayika ngakhale dontho. Agogo anakhala akuyang'ana thabwa. Kenako anati, "Dongo likuuma. Malizitsa Viphya."

Mawa lake, tikutola nyemba, ndinafunsa agogo aakazi za Petulo. Anandiuza mwachidule, osasiya kutola. Anali mlongo wake wa amayi, wamng'ono, ndipo anamwalira ndi chikuku ali ndi zaka zinayi. Amayi, omwe anali ndi zaka khumi, ndi amene anali atamubereka kumsana panjira ya kuchipatala pamene anasiya kupuma. Kalata inawalondola agogo aamuna kuchoka msasa uwu kupita msasa uwo, osawapeza. Anabwera patapita miyezi itatu, osadziwa kanthu, atanyamula kabulangete kofiira ka mwanayo.

"Amayi ako ndi amene adawalandira katundu panjira," anatero agogo aakazi. "Kuyambira tsiku limenelo sindidawamvenso akuseka pamodzi."

Mapu aja kusukulu anapambana onse, ndipo aphunzitsi anawaika pawindo la ofesi mpaka anang'aluka. Ine sindinakondwe nawo.

Panali munthu wina amene anali ndi zake mumtima. A Lufeyo, mlongo wawo wa agogo aakazi, ndiwo anali mwini mbumba, woyang'anira minda ndi nkhani zonse za banja lathu. Agogo aamuna atapuma ntchito anapatsidwa kamalo kotsetsereka m'mphepete mwa mtsinje, komwe aliyense ankakakana chifukwa ka miyala. Iwo anatola miyalayo n'kumanga timakoma totchinga dothi monga anaonera ku Misuku, anakumba kangalande kobweretsa madzi kuchokera kumtunda, ndipo patapita zaka kamalo kaja kanasanduka dimba lomwe anthu ankaima panjira kuliyang'ana: mbatata ya kachewere, kabichi, anyezi, nsawawa. Munda wa a Lufeyo unali wogundana nalo, ndipo chaka chilichonse malire ankasuntha ndi mzere umodzi. Tsiku lina agogo anatenga chingwe ndi zikhomo, anayeza kuchokera pamwala waukulu anthu akuona, n'kunena kuti mizere khumi ndi umodzi yalowa. A Lufeyo anaseka.

"Mwayeza bwino, alamu," anatero. "Koma nthaka mukuyezayi ndi ya amayi anga."

Anthu anaseka nawo. Mizere ija a Lufeyo anabweza, koma nkhaniyo sanaiiwale.

Agogo aakazi anamwalira ndili Sitandade 8, m'nyengo ya mvula, atadwala chibayo sabata imodzi yokha. Agogo aamuna sanalire pamaliro. Anapita kumanda m'mamawa ndi kandodo kawo n'kukauza okumba kuti mbali imodzi yapendekeka, ndipo anthu ananong'onezana kuti munthuyu alibe mtima.

Patapita milungu, titameta, kunachitika msonkhano wa banja pansi pa mtengo wa mapichesi, dzuwa litangokwera. Kuchokera ku Golomoti kunabwera munthu mmodzi yekha, a Maliseni, mwana wa mlongo wawo wa agogo, bambo wamanyazi amene amalume akewo anali atawaonapo kamodzi. Ife ana anatithamangitsa, koma ine ndinabisala kuseri kwa nkhokwe, pomwe ndinkamva zonse ndi kuona pakati pa nsungwi.

A Lufeyo anayankhula mwaulemu kwambiri. Anathokoza agogo chifukwa chosunga mlongo wawo mpaka imfa, anatchula ana, anatchula adzukulu.

"Tsono mwambo mukuudziwa, alamu. Amene mudamutsatira kuno watisiya. Ife lero takusudzulani, ndinu omasuka. Koma sitikuthamangitsani ayi. Ana akati bambo athu akhale, ife ndife yani kuti tikane? Anasitaziya, wamkulu ndiwe. Ang'ono ako ali kutauni. Nena."

Aliyense ankadziwa kuti mawu amodzi okha anali okwanira. M'mudzi mwathu munali madoda angapo omwe akazi awo anamwalira koma ana anawakaniza kuchoka, ndipo anakalambira pomwepo. Amayi anali atakhala pamkeka, miyendo atatambasula, akusolola kaudzu m'mphepete mwa mkekawo. Anasolola kamodzi, anasolola kena. Agogo sankawayang'ana. Ankayang'ana kutsogolo, manja ali pandodo.

"Kwawo kulipo, amalume," anatero amayi.

A Maliseni anatsokomola n'kuyang'ana pansi. Mayi wina anati, "Ii, Anasi," koma sanapitirize. A Lufeyo anatambasula manja ngati munthu amene wachita zonse zomwe akanatha.

"Ndamva," anatero agogo. Kenako anatembenukira kwa a Lufeyo. "Mbatata ya kudimba ikhwima pakatha milungu itatu. Mudzakumbe nthaka itauma, apo ayi ivunda. Ngalande muzichotsa zinyalala pamwala paja, ikatsekeka madzi agumula khoma."

Ananyamuka pamodzi ndi a Maliseni patapita masiku awiri. Katundu wawo anali sutikesi ya malata, mkeka ndi bulangete. Jombo zija anayesa kuvala koma mapazi anali atatupa, sizinalowe, ndiye anazisiya pakhonde. Ine ndinali nditavala yunifolomu, mabuku ali m'jumbo, ndikutsuka m'kamwa pafupi ndi thandala. Anandiona.

"Velonika. Undiperekeze pamsewu."

Unali mtunda wa ola limodzi kukafika pamsewu wa ku Lobi pomwe ankakwerera matola. Ndisanayankhe, amayi anayankhula ali m'khitchini, osatuluka.

"Ali ndi mayeso. Achedwa."

Tsiku limenelo kunalibe mayeso, ndipo tonse atatu tinkadziwa. Agogo anandiyang'anabe, akudikira. Ndinali ndi zaka khumi ndi zinayi, sindinali khanda. Ndikanatha kuika jumbo pansi n'kusenza mkeka. Amayi akanandikalipira, mwina akanandimana chakudya chamasana, basi. Koma ndinayang'ana zala za kumapazi kwanga, ndinati, "Muyende bwino, agogo," ndipo ndinathamangira kusukulu.

Sukulu yathu inali pamtunda. Tili pamzere pabwalo ndinaona anthu awiri akutsika ndi njira ya kudambo, wakutsogolo atasenza sutikesi, wam'mbuyo akuyenda masitepe ofanana, osapupuluma, osacheuka.

Sabata isanathe, mwana wa a Lufeyo anali atavala jombo zija kudimba. Mbatata anakumba mvula ikugwa ndipo theka inavunda. Ngalande palibe anaisamala, ndipo pomatha mvula yachiwiri timakoma tija tinali titagumuka, dothi lonse litapita ndi mtsinje. Uthenga wa imfa ya agogo unabwera chaka chomwecho ndi munthu wogulitsa nsomba panjinga. Anati anaikidwa kale, papita masiku khumi. Amayi anali akupuntha nyemba. Anaima, ndodo ili m'manja, anafunsa kuti, "Anadwala nthawi yaitali?" Munthuyo anati sakudziwa. Amayi anapitiriza kupuntha, ndipo anapuntha mpaka nyemba zinayamba kusweka.

Ine ndinaphunzira, ndinakhala namwino, ndipo ntchito inandiyendetsa. Ndinagwirako ku Phalombe, komwe m'mawa uliwonse ndinkatsegula chitseko n'kuona Mulanje ndi Michesi ndi mpata uli pakati pawo. Ndinadutsa pansi pa Zomba, ndinaona Hora pawindo la basi, ndinakhala zaka zitatu ku Rumphi m'munsi mwa Nyika. Paliponse ndinkapeza kuti sananame ngakhale pang'ono. Ku Phalombe n'komwe ndinapeza amuna anga, a Kiliyoni, ndipo nditabwerera kudzagwira ntchito kufupi ndi kwathu iwo ananditsatira n'kumanga nyumba pamalo a amayi.

Ku Golomoti ndinapitako patapita zaka zoposa makumi awiri. Ndinkangozengereza, ndikudziuza kuti ndilibe nthawi. Ndinatsika ndi msewu wokhotakhota uja m'mwezi wa Okutobala, makutu akutsekeka, kutentha kukukwera mpaka malaya kumatirira kumsana. A Maliseni anali atamwalira. Ndinapeza akazi awo, mayi wokalamba wamaso ofooka, atakhala pansi pa mtengo wa bwemba. Nditadzifotokoza anandigwira dzanja osalisiya.

"Ndinu a Velonika? Ii, mwachedwatu, amayi."

Anandiuza kuti agogo anawamangira kanyumba kuseri. Sanavutitse munthu, koma kutentha kunkawasowetsa mtendere, chakudya sichinkalowa, ndipo anthu a pamudzipo sankadziwa choti n'kucheza nawo. Tsiku lonse ankakhala pampando kuseri kwa kanyumbako, kuyang'ana khoma la mapiri lomwe anatsika.

"Ankati kumtunda uko kuli mdzukulu wawo wanzeru, wodziwa mapiri onse. Ankati abwera sukulu ikatsekera. Sukulu ikatsekera ankameta ndevu."

Titapempha chilolezo, anandilondolera kumanda pamodzi ndi bambo wina wa pamudzipo. Panalibe mtanda, panalibe dzina. Anaima pafupi ndi mitumbira itatu yotitimira, yomera udzu ndi minga, anayang'ana uku ndi uku, anafunsana. Pomaliza mayi aja anati, "Ndi umodzi mwa itatuyi. Pepani, papita nthawi." Ndinabwereka khasu n'kulambula yonse itatu.

Nditabwerera kwathu ndinaitana alongo anga awiri, ana anga aakazi ndi amuna anga. Amayi tsopano ndi okalamba, amakhala m'nyumba mwanga, ndipo anali pomwepo pampando wawo, atafunda shawelo. Ndinauza onse kuti ndikadzatsogola ine, a Kiliyoni sadzachoka pamudzi pano, munda adzalima womwewo, ndipo adzaikidwa pambali panga. Ndinauza ana anga kuti akadzafunsidwa, asadzasolole udzu pamkeka, adzayankhe msanga. Alongo anga anavomera. Amuna anga anachita manyazi n'kunena kuti nkhani za imfa tizisiye.

Onse atabalalika, amayi anandiitana.

"Unawapeza?"

"Ndinapeza mitumbira itatu."

Anapotokola mphonje ya shawelo.

"Iwe sunaberekepo mtembo kumsana uli ndi zaka khumi," anatero.

"Ndikudziwa, amayi."

Sitinakambenso. M'mawa uliwonse ndimawafunditsira madzi, ndimawasambitsa, ndimawapaka mafuta m'miyendo ndi kuwamwetsa mankhwala awo ndisanapite kuntchito. Zomwe ananena ndi zoona, ndipo zomwe anachita sindinawakhululukire. Agogo nawonso sindinawakhululukire, chifukwa mwana wawo anawafunsa mafunso atatu ndipo iwo anangoloza malo, osanena kuti pepa. Koma awiriwo aliyense anali ndi bala lake. Amene ndimasowa pomuikira kumbuyo ndi mtsikana wa yunifolomu uja, yemwe palibe chomwe anamulakwira, anangopemphedwa kuyenda ola limodzi.